Musamuuze Kinsley

Diepsloot, Joni
21 Meyi 2023

Okondedwa amake Tadala,

Ndikhulupirira kalatayi ikupezani muli bwino, inu, Tadala ndi apongozi. Ine kuno ndili bwino, kungoti kuzizira kwayamba ndipo kachifuwa kaja kabwerera. Musadabwe kuti ndalemba papepala ngati munthu wakale. Foni yanu ija si yanunso. Uthenga wa mawu umene ndinakutumizirani mwezi watha ndamva kuti unamvedwa ndi khonde lonse, mpaka malume anu a Stafford anapempha kuti muubwereze. Ndiye za inu ndi ine zizibwera ndi a Ashiraf, adalaivala a thiraki aja, azikupatsani pamanja ku Boma.

M'chikwama muli bulangete, mafuta ophikira, sopo ndi juzi ya Tadala. Ndalama ndatumizazo mugulire chimanga panopo anthu akadali pokolola, musadikire mtengo ukwere. Mbuzi yaikazi ija musagulitse, ngakhale wina akunyengerereni bwanji.

Tsopano nkhani imene yandikhala pamtima. Mlongo wanu Kinsley ndimagona naye m'kanyumba kamodzi ka malata, timadyera mbale imodzi, koma mpaka lero sakudziwa kuti mwana wake Miracle munamuika m'manda kumayambiriro kwa mwezi uno. A Stafford anandiimbira foni nkunena kuti, "Akamwini, mutseke pakamwa. Akamva athawa ntchito, ndiye nyumba ya amayi ake mvula idzaipeza yosafolera. Tidzamuuza akadzabwera pa Khirisimasi." Ndinavomera poti ndine mkamwini, pamudzi panu mawu anga salemera. Koma kunena zoona zandinyansa. Mwana ndi malata, chachikulu nchiti?

Dzulo wapita kutauni, wabwerako ndi tinsapato tofiira. Akuti, "Alamu, mukuganiza kuti timukwana? Ana amakula msanga." Tinsapatoto tili m'chikwama momwemo, tokulunga m'pepala la nyuzi. Muona nokha chochita nato.

Akaimba foni kufuna kumva mawu a mwana, mkazi wake Thandie amati wagona, apo ayi wapita kwa agogo ake. Mayi woti waferedwa, mwamuphunzitsa kunama misozi isanaume. Zimenezi ndi zaumunthu?

Inu nonse mumamudziwa Kinsley ngati wanthabwala. Kunonso ndi yemweyo, pamzere wa kumpopi anthu amaseka mpaka kuiwala zigubu. Koma ine amene ndimakhala naye ndimaona zina. Anthu akabalalika amangokhala phee, maso kukhoma, ndipo umachita kumuitana kawiri. Anali choncho ngakhale izi zisanachitike. Kumbukiraninso zija za bambo anu zimene munandiuza tili awiri. Sindinena zambiri.

Mundiperekere moni kwa onse.

Ndine mwamuna wanu,
Luckson


Diepsloot, Joni
18 Juni 2023

Amake Tadala,

Moyo wathu ulipo, kaya inu kumeneko. Manachesi munapatsira a Ashiraf afika, ena ataphwanyika koma fungo lake lokha linandifikitsa ku Mwanza. Zikomo.

Chinsinsi cha malume anu chija chaululika, ndipo chaululika pabwalo. Lamulungu lapitali titatuluka m'tchalitchi tinakumana ndi mayi wina wa kwa Kanduku, a Lucia, amene angofika kumene kudzafuna ntchito. Atamuona Kinsley anachita zimene munthu woleredwa bwino amachita. Anagwada pafumbi, nkumugwira dzanja ndi manja awiri.

"Pepani achimwene ndi zovuta zija. Ine ndinali konko, mwana tinamuperekeza bwino."

"Zovuta ziti, mayi?" anafunsa Kinsley akumwetulirabe.

A Lucia anandiyang'ana ine, kenako anagwira pakamwa. Koma mawu anali atatuluka kale. "Kodi sanakuuzeni? Miracle."

Ndimayembekeza kuti agwa pansi kapena akuwa. Ayi ndithu. Anangoti, "Oho. Zikomo." Anawadzutsa mayiwo, nkuyamba kuwafunsa ngati msewu wa ku Thambani anaukonza. Panjira yonse sanandifunse ngati ndimadziwa. Titafika pakhomo anangoti, "Alamu, nsapato zija munatumiza?" Ndinati eya. Iye anati chabwino. Lolemba m'mawa ananyamuka kupita kuntchito kwake kosakaniza simenti ngati palibe chachitika.

Chimene chandipatsa nseru ndi mmene anthu akumutamandira. Anzathu a kuno akuti, "Mwamuna ndi ameneyu, sanagwetse msozi ngakhale umodzi." A Stafford nawo, nditawauza, akuti, "Mwaona? Ife timadziwa kuti ndi wolimba mtima." Wolimba mtima! Munthu wamva za imfa ya mwana wake kwa mlendo, pakhomo pa tchalitchi, patadutsa mwezi wathunthu, inu mukuwomba m'manja chifukwa sanalire? Ine ndikadakonda akadanditukwana kapena kundimenya mbama. Ndikadadziwa kuti zatuluka.

Chonde auzeni apongozi amuimbire okha, apepese, amuitane abwere adzaone pamene mwana wagona. Ntchito ya simenti siitha pa Joni, adzapeza ina.

Tadala asamapite kusukulu wopanda juzi.

Luckson


Diepsloot, Joni
30 Julayi 2023

Okondedwa amake Tadala,

Moni wa kuno ndi womwewo. Kalata yanu ndalandira pamodzi ndi chithunzi. Mwanenepatu mayi, akukudyetsani ndani ine kulibe? Ndiye kuti chimanga chija munagula chabwino.

Mwalemba kuti malata afika ndipo apongozi anavina pabwalo. Mwalembanso kuti za kubwera kwa Kinsley akuti zidikire, poti mwini wake sanadandaule. Ndawerenga, ndapinda, ndakhala pansi.

Ndikuuzeni kumene malatawo akuchokera. Mlongo wanu akugwira ntchito ziwiri tsopano. Akaweruka kusimenti amapita kukatsuka magalimoto, Lamulungu lomwe, kutchalitchi anasiya. Zonse zimene wapeza amatumiza kumeneko osatsalako ndi ya buledi. Kudya amangolawa. Tulo sakupeza, m'mawa ndimamupeza maso ali psuu. Wayamba kumwa, osati ndi anzake koma yekha kuseri kwa nyumba. Wayilesi yake anapatsa munthu woyandikana nafe, jekete lake labwino lija akuti nditenge ine, m'nyengo yozizira ngati ino. Thandie akaimba sayankha. Pampopi anthu akufunsa kuti wanthabwala uja anasamuka kodi.

Ndinayesa kumuyamba. Ndinati, "Alamu, tiyeni tikambe za mwana." Anandiyankha kuti, "Zatha zimenezo, alamu. Mpunga mwathira mchere?"

Kunonso kwatentha ndi apolisi, akusaka opanda mapepala. Timayenda mtima uli m'mwamba. Chimbudzi cha pamzere wathu chinadzaza, zonyansa zikuyenderera mpaka pakhomo, mwini malo akungofuna lendi. Munthu wabwinobwino mutu umatha kuima m'malo ano. Nanga woti wasenza maliro osalira?

Nandolo akayamba kuuma musalole mavenda akuthamangitseni ndi mitengo yawo yachipongwe. Sungani kaye.

Ndine wanu,
Luckson


Diepsloot, Joni
10 Sepitembala 2023

Amake Tadala,

Ndikuyembekeza kuti muli bwino. Ine thupi lili bwino, koma mumtima muli zinyalala zokhazokha.

Zimene munandinong'oneza m'kalata yanu zafika kale kuno, zinakwera basi zisanakwere thiraki. Akuti Kinsley anakhwimira mwana wake. Akuti umboni wake ulipo: kumaliro sanabwere, atamva sanalire, ndipo mwana atangofa ndalama zinayamba kusefukira mpaka nyumba yafoleredwa. Abale ake a Thandie akhulupirira, ndipo pagulu la pafoni la anthu a ku Mwanza nkhani ndi yomweyo.

Ndiuzeni, amake Tadala. Kumaliro akadabwera bwanji munthu amene simunamuuze? Amene anabisa malirowo ali pomwepo, akugona pansi pa malata atsopano, akumva mwana wawo akutchedwa mfiti, koma palibe waimirira kunena kuti tinabisa ndife. A Stafford pakamwa pawo pamakhala potsegula pa milandu ya mbuzi za eni, lero patsekeka. Akuopa manyazi. Bola mnyamata adetsedwe dzina kusiyana nkuti iwo aoneke olakwa. Ndikaganiza zimenezi malovu amandiwawa.

Kinsley anazimva. Mayi wina anachotsa mwana wake panjira iye akudutsa. Atalowa m'nyumba anakhala pamatiresi nkunena kuti, "Mwina akunena zoona, alamu. Ndinamusinthanitsa ndi ndalama. Ndikadakhala kumudzi ndikadathamanga naye kuchipatala." Ndinamuuza kuti malungo sasankha kuti bambo ali kuti. Sanandimve.

Ntchito zonse ziwiri zatha. Kusimenti akuti amangoima atagwira fosholo, kapitawo anatopa naye. Tsopano sadzuka, sasamba, sasintha zovala. Sindikubisirani, m'nyumba muno simukulowedwa ndi fungo. Loweruka ndinatenthetsa madzi nkumusambitsa ndekha ngati khanda, munthu wamkulu wandevu zake. Nthiti zikuchita kuwerengeka. Anzathu akuti ndi chamba, ena akuti mankhwala amutembenukira. Ine fungo lake ndikulipirira. Chimene sindingathe kupirira ndi anthu osamba bwino amene akulankhula zimenezi.

Mwezi uno ndatumiza zochepa, mundimvetse. Pakamwa pali pawiri, dzanja logwira ntchito ndi limodzi.

Luckson


Diepsloot, Joni
8 Okutobala 2023

Okondedwa amake Tadala,

Moni kwa inu ndi Tadala. Ndamva kuti wakhoza bwino mayeso, mumugulire fanta m'dzina langa.

Ndinamukoka Kinsley kupita naye kukiliniki. Tinaima pamzere kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kupendeka, koma tinathandizidwa. Namwino wake anali mayi wachikulire wodekha. Anafunsa zambiri: ngati akugona, ngati akudya, ngati akumwa mowa, ngati waferedwa posachedwa, ngati ali ndi womukhuthulira zakukhosi. Kenako anafunsa ngati m'banja mwawo munakhalapo munthu amene anadzipha. Kinsley anangoweramitsa mutu. Ndinayankha ndine.

Mundikhululukire, koma lero ndilemba poyera. Bambo anu sanafe ndi malungo monga mmene pamudzi panu mumanenera. Anadzipha, ndipo amene anawapeza ndi Kinsley ali mwana wa sitandade faifi. Munandiuza nokha kuti tsiku lomwelo anamulamula kuti asadzatchulenso, ndipo sanatchuledi. Ndiye a Stafford pokonza zobisa maliro a Miracle ankadziwa bwino lomwe munthu amene akumuchita zimenezi. Nthabwala zonse zija munkaziyesa mphamvu. Namwino akuti awa ndi matenda a maganizo, amagwira aliyense koma amakonda munthu amene anavulala kale mkati nkusowa pokambira. Akuti amachizika. Wapereka mapiritsi, wati asamakhale yekha, ndipo ngati nkotheka akhale pakati pa abale ake.

Pomva zimenezo ndinapita kubungwe lathu la anthu a ku Mwanza, kumene timasonkha mwezi ndi mwezi. Ndinapempha kuti atithandize thiransipoti, Kinsley apite kwawo. Wapampando, a Malcolm, anandimvetsera mwaulemu ndithu.

"A Luckson, nkhani yanu ndi yomvetsa chisoni. Koma thumba ili ndi la maliro. Timanyamula thupi."

"Ndiye munthu wamoyo simunyamula?"

"Malamulo salola. Tikayamba zimenezo aliyense azinamizira kudwala Disembala ikayandikira. Komabe zikavuta mutidziwitse msanga, sitichedwa ife. Bokosi, ngolo yokoka ndi galimoto, mapepala a pachipata cha m'malire, zonse timapanga."

Ndinatuluka osatsanzika. Mpando wa basi ndi wotchipa kutalitali poyerekeza ndi bokosi, koma iwo akonzeka kulipira bokosi. Wina pakhomo anandigwira mkono nkundiuza za mneneri amene amachotsa ziwanda pomenya ndi lamba.

M'nyumba ndachotsa chilichonse chimene angadzipweteke nacho. Ndikapita kugadeni kwa abwana ndimapempha mayi wa khomo loyandikana kuti azimusuzumira, koma nayenso ali ndi zake. Ndikusunga pang'onopang'ono za ulendo. Feteleza chaka chino tigula thumba limodzi basi.

Inunso ndikufunseni, poti bambowo anali anunso. Mumagona bwino? Mundiyankhe zoona.

Mwamuna wanu,
Luckson


Joni
29 Okutobala 2023

Amake Tadala,

Ndili moyo. Kinsley nayenso ali moyo, yambani mwagwira mawu amenewo.

Lachinayi ndili kuntchito mtima unakana kukhazikika. Ndinasiya paipi ikuthira maluwa nkuthamangira kunyumba masana. Ndinamupeza nthawi isanathe. Musandifunse zambiri, sindidzazilemba ndipo sindidzazinena. Ali kuchipatala, madokotala akumuyang'anira, ndipo akuti apulumuka.

Mbiri inathamanga molakwika, anthu anamva kuti wapita. Woyamba kufika kuchipatala anali a Malcolm, atavala jekete lakuda, atalankhula kale ndi mwini ngolo. Nditawauza kuti munthu akupuma anati, "Aa, tithokoze Mulungu," koma nkhope inali ya munthu amene wayenda ulendo wachabe. Sanalowe nkomwe kukamuona.

Madzulo ake a Stafford anaimba. Sanafunse kuti mwana wa mlongo wawo ali bwanji. Anati, "Akamwini, zimenezi zisamveke kuno. Anthu akafunsa tizinena kuti ndi malungo aakulu. Mumusunge konko mpaka mutu ubwerere, tisachititsidwe manyazi. Mukalephera mukamutsitsire ku Zobue kumalire kuja, kuli sing'anga amene amasunga otere pa unyolo."

Malungo. Mawu omwe aja anakwirira nawo bambo anu, akufuna akwirire nawonso mwana wawo akadali moyo. Ndinadula foni. Chikwatirireni pamudzi panu sindinawachitepo mwano malume anu, koma tsiku limenelo ndikadakhala pafupi ndikadalavula pamapazi awo. Ngati afuna kundithamangitsa pamudzi chifukwa cha zimenezo, akonzeke, ndikubwera.

Luckson


Diepsloot, Joni
19 Novembala 2023

Okondedwa amake Tadala,

Moni wochokera pansi pa mtima. Kalata yanu ndawerenga kangapo. Mwati nanunso pali masiku amene mumalephera kudzuka ndipo simunauzepo munthu. Zikomo pondiuza. Tidzakhala pansi awiri, ndipo simudzazisenzanso nokha. Mwatinso munapita kwa apongozi nkuwauza maso ndi maso kuti mwana wawo anatsala pang'ono kufa, ndipo analira tsiku lonse. Alire, misozi imeneyo inachedwa.

Kinsley anatuluka m'chipatala. Mankhwala akumwa, phala akumaliza, dzulo wameta yekha ndevu. Sanachire, musadzayembekeze wanthabwala uja, ndipo musadzamukakamize kuseka. Kalata ino yatsogola ndi a Ashiraf, ife tikwera basi sabata yamawa. Ndikubwera naye ndekha. Foni yanga yabwino ija ndagulitsa, ndipo abwana ati sakulonjeza kuti malo anga andisungira. Zilibe kanthu, maluwa awo adzathirira wina.

Ku Zobue tidutsa osatsika. Tikafika ku Boma tiyamba kuchipatala ndi kalata imene madokotala a kuno alemba, kuti mankhwala asadukize. Kenako tikwera pikapu ya ku Thambani, ndipo titsika masana dzuwa likuswa mtengo, anthu onse akuona. Sindizembetsa munthu ngati katundu wozemba msonkho. Wofunsa mumuuze zoona, kuti akudwala matenda a maganizo ndipo akulandira chithandizo. Wamanyazi atseke chitseko chake.

Tisanafike muchite izi. Mutenge apongozi mupite nawo kwa abale ake a Thandie, akanene ndi pakamwa pawo kuti Kinsley sanauzidwe za maliro, ndipo anabisa ndi iwo ndi a Stafford. A Stafford akakana kupita, asiyeni, koma dzina lawo litchulidwe. Mukapemphenso kwa eni mudzi kwawo kwa Thandie, kumene mwana wagona, chilolezo cholowa kumanda. Pakhomo pasapezeke chingwe, sing'anga kapena gulu la mapemphero lomukuwira m'makutu. Thandie akafuna kudzamuchingamira abwere, akapanda kufuna musamukakamize, nayenso munamupweteka.

Chomaliza ndi ichi. Chimvereni za imfa ija Kinsley anali asanatchulepo dzina la mwana wake. Lero m'mawa tikumwa tiyi panja anaika kapu pansi nkundifunsa kuti, "Alamu, pamaliro a Miracle, ataitana kuti bambo a mwana adzaike nkhata, anaimirira ndani?"

Ndinangoona mapewa ake akuyamba kugwedezeka, kenako analira, kulira kwenikweni kokuwa, mpaka anthu a pamzere wathu anatuluka m'nyumba. Wina anati ndimutonthoze. Ndinamuuza kuti amusiye, maliro ayamba lero.

Ndiye mutchole maluwa, amake Tadala, muluke nkhata imodzi yabwino. Musapatse munthu wina aliyense. Akaika yekha.

Ndine mwamuna wanu,
Luckson